Moto woyenda wokha kudambo: kodi n'chiyani kwenikweni?

Ndinali ndi zaka 12 pamene ndinauona koyamba. Unali mwezi wa Julayi, kukuzizira kolasa m'mafupa, ndipo ine ndi amalume tinagona kudimba kulondera tomato amene akuba anali atayamba kumulawa. Moto wathu unali utazilala, kutangotsala makala. Cha pakati pa usiku amalume anandigwedeza phewa. Kutsidya kwa dambo, pamwamba pang'ono pa bango, panali chinthu chowala, chobulungira, kukula kwake ngati dzungu. Chinayamba chili psuu, kenako chinayera, chinagawika pawiri, n'kulumikizananso. Phokoso panalibe. Nditati nditukule mkono, amalume anaugwira. "Usaloze, mphwanga," anandinong'oneza.

Kutacha ndinafotokozera anzanga. Pofika madzulo motowo unali utapeza mwini wake: agogo ena amasiye amene nyumba yawo inali kumapeto kwa mudzi, chakudambo komweko. Palibe anawamenya. Koma amayi a m'mudzi analeka kukapala moto kwawo, anafe tinaletsedwa kulandira chimanga chokazinga m'manja mwawo, ndipo pa mjigo anthu ankangoti zii iwo akafika. Anamwalira patapita zaka zitatu osadziwa chimene analakwa. Pakamwa pamene panatuluka nkhaniyo panali panga, ndipo zimandiwawabe.

Mpaka lero nkhani za mipira ya moto zimamveka pa Kamwendo, pa siteji ya akabaza, m'matiyirumu, m'maminibasi a ku Kapiri. Mafunso ali m'munsiwa ndi amene anthu amandifunsa ndikayamba kutsutsa, ndipo ena ndinkadzifunsa ndekha.

Kodi anthu amaonadi kanthu, kapena ndi mantha chabe?

Amaonadi. Amalume sanali munthu wamantha ndipo mowa sankamwa. Munthu akakuuzani kuti waona moto ukuyenda m'dambo, musamuseke. Vuto limayamba diso likafuna kuyeza chimene laona. Masana timadziwa kutalika kwa chinthu poyerekeza ndi mitengo, nyumba ndi zulu zimene zachizungulira. Usiku wopanda mwezi zonsezo zimasowa. Kanyali kamene kali pa mtunda wa makilomita asanu kamaoneka ngati kali pa mzere wachitatu wa dimba lanu, ndipo kachirombo kowala kamene kali pafupi ndi mphuno yanu kamaoneka ngati chimoto chakutali.

Palinso china chimene mungayese usiku uno. Ikani khala lamoto limodzi pabwalo mumdima wandiweyani, mukhale patali, muliyang'anitsitse osaphethira kwa mphindi imodzi. Lidzayamba kusuntha, kukwera, kutsika, kupita cham'mbali. Khalalo lili pomwe munaliika. Chikugwedezeka ndi diso lanu, lomwe silikhazikika kwenikweni, ndipo ubongo ukasowa choyerekezera umaganiza kuti chikuyenda ndi chowalacho. Oyendetsa ndege amaphunzitsidwa za chinyengo chimenechi kuti asasokonezeke ndi nyenyezi kapena nyali yapansi.

Nanga chimene chimaoneka kawirikawiri n'chiyani?

Anthu anzathu ndi nyali zawo. Yankholi silikoma m'khutu, koma taganizani kuchuluka kwa anthu amene amayenda usiku kuno. Mvula yoyamba ikagwa, achinyamata amazungulira chulu ndi nsakali kugwira ngumbi. Olima kudimba amathirira mbandakucha madzi asanaphwe pachitsime, tochi ali kukamwa kapena atamangirira pamutu. Osaka akalulu amayenda ndi tochi yamphamvu. Uvuni wa njerwa umayaka usiku wonse ndipo pakamwa pake pamaoneka kutali. M'miyezi ya Seputembala ndi Okutobala tchire likapsa, chitsa chouma chimatha kunyeka masiku angapo, mphepo ikawomba chimati ng'ani, ikaleka chimazilala. Ndiye pali aja odutsa njira zachidule za m'malire ndi njinga zolemedwa ndi katundu, amene amayatsa tochi pang'ono kuti aone njira n'kuzimitsanso msanga. Munthu wotereyu safuna kuti mumudziwe, ndipo mukamuitana sayankha.

Koma zimene ndinaona ndi amalume sizinali tochi, ndipo ndinakhala zaka ndisanamvetse. Kamwendo ali pa mphambano. Msewu wa M12 wochokera ku Lilongwe umadutsa pano kupita ku boma la Mchinji ndi kuchipata cha Mwami, ndipo wina umapatuka kulowera ku Kapiri mpaka ku Kasungu. Mathiraki amayenda usiku wonse. M'miyezi ya Juni ndi Julayi, kumwamba kukakhala kopanda mitambo, nthaka imataya kutentha msanga ndipo mpweya wozizira, poti ngolemera, umatsetserekera m'dambo n'kukhazikika m'menemo. Aliyense woyenda pa njinga m'mamawa amadziwa m'mene kumazizirira ukangotsikira pa mlatho. Pamwamba pa mpweya wozizirawo pamakhala wina wofundirapo. Kuwala kukadutsa pamene mipweya iwiriyi yakumana kumapindika, monga m'mene ndodo imaonekera yothyoka mukaiviika mu ndowa ya madzi. Motero nyali za galimoto imene ili kuseri kwa chitunda, yomwe simungaione kapena kuimva, zimatha kuonekera pamwamba pa bango. Galimoto ikamabwera, kuwalako n'koyera. Ikamapita, n'kofiira. Ikakhota, nyali ziwiri zija zimapatukana n'kulumikizananso. Kumbukirani zimene ndafotokoza poyamba paja: psuu, kuyera, kugawika pawiri. Dimba la amalume linayang'ana kumsewu.

Si kuno kokha. Ku Marfa, m'chigawo cha Texas ku America, anthu amachita kumanga malo oonerera nyali zodabwitsa za m'chipululu. Mu 2004 ophunzira a pa yunivesite ina ya ku Dallas anakhalako masiku angapo, kuwerenga nyalizo ndi kuwerenga galimoto za pa msewu wa Highway 67, ndipo anapeza kuti zikuyendera limodzi. Ku Australia kuli zimene amazitcha Min Min, ndipo katswiri wina wa za maso, Jack Pettigrew, anaonetsa mu 2003 kuti mpweya wozizira wogona pansi umatha kunyamula kuwala kwa galimoto kuchokera kutali kwambiri.

Ngakhale ophunzira zinawagwirapo. Mngelezi E. E. Evans-Pritchard, amene anakhala pakati pa Aazande a ku Sudan, analemba m'buku lake la 1937 kuti usiku wina anaona kuwala kukudutsa kuseri kwa nyumba kulowera kwa munthu wina. Eni mudzi anamuuza kuti waona ufiti, ndipo m'mawa mwake kumeneko kunagwa maliro. Iye mwini anaganiza kuti mwina unali muuni wa udzu wa munthu wopita kuthengo. Maliro amagwa tsiku lililonse penapake, ndipo mtima wosweka umafulumira kulumikiza zinthu ziwiri zimene zangochitikira pamodzi.

Chiphaniphani timachidziwa tonse. Chingapusitse bwanji munthu wamkulu?

Chimodzi sichingakupusitseni. Koma m'nyengo ya dzinja, pamalo a chinyontho, zimatha kuunjikana pa chitsamba chimodzi, ndipo kukakhala nkhungu kuwala kwake kumasakanikirana n'kuoneka ngati chimpira chimodzi chopuma. Padziko lonse pali mitundu ya ziphaniphani yoposa 2,000. Kumimba kwake kuli mankhwala otchedwa luciferin, amene akakumana ndi mpweya wa okosijeni amatulutsa kuwala kopanda kutentha. Tonse tinazigwirapo m'manja tili ana ndipo palibe anapsa. Kuthwanimako ndi chibwenzi: champhongo chimauluka chikuphethira, chachikazi chimayankha chili pa udzu. Ana ake amakulira m'dothi lonyowa, amadya nkhono, ndipo nawonso amawala pang'ono. Akuluakulu amene amadandaula kuti ziphaniphani zikuchepa sakunama. Dambo likalimidwa mpaka m'mphepete mwa madzi, likatenthedwa chaka ndi chaka ndi kuthiridwa mankhwala a mbozi, anawo amafera m'dothi.

Chikuni chowola nachonso chimawala. Pali mitundu ya bowa yoposa 70 imene imatulutsa kuwala kobiriwira, kofooka, ndipo nthawi zina chowala si bowa weniweniyo koma timizu take toyera tolowerera mu mtengo wowolawo. Malo amene kuno kwathu kwatsala mitengo yambiri yogwa yokha n'kuwolera pomwepo, osatoledwa nkhuni, ndi kumanda. N'chifukwa chake nkhani za kuwala zimakonda kuchokera kumeneko.

Musaiwalenso maso a nyama. Changa, fisi, mphaka, ngakhale mbalame ija lumbe yokonda kukhala pa msewu, maso ake amabweza kuwala kwa tochi yanu yomwe.

Ena amati dambo limatulutsa mpweya woyaka. Ndi zoona?

Ndi zoona, ndipo mungauone ndi maso. Pitani pa thawale la matope akuda, pamene udzu ndi masamba zakhala zikuwolera pansi pa madzi, mubaye ndodo m'matopemo. Mudzaona thovu likubwadamuka. Umenewo ndi mpweya wa methane, wopangidwa ndi tizilombo tosaoneka ndi maso timene timadya zowola pamalo opanda okosijeni. Ndi womwewo umene anthu ena akuphikira masiku ano pouchotsa m'ndowe za ng'ombe zosungidwa m'thanki, ndipo lawi lake ndi lobiriwira ngati thambo. Woyamba kuufufuza bwino anali Alessandro Volta wa ku Italy, yemwe mu 1776 anavundula matope m'mphepete mwa nyanja ya Maggiore, n'kutapa thovulo m'botolo, n'kuliyatsa.

Kwa zaka mazana ambiri anthu a ku Ulaya ankasimba za timalawi tobiriwira toyandama pa madambo awo, ndipo nawonso ankati ndi mizimu yosocheretsa apaulendo. Asayansi anati ndi methane. Koma panatsala funso lovuta: amauyatsa ndani? Methane sayaka yekha pokhapokha patatentha madigiri oposa 500. Ena anati pamakhala mpweya wina wotchedwa phosphine, wochokera m'zowola za mafupa ndi nyama, umene ukasakanikirana ndi mnzake wofanana nawo umayaka ukangokhudza mphepo. Mu 2025 akatswiri ogwira ntchito ndi Richard Zare wa ku Stanford University anaonetsa kuti tithovu ting'onoting'ono ta methane m'madzi timatha kuthethetsana timoto tamagetsi tikayandikana, ndipo timotito tingayambitse kuwala kozizira. Anachita zimenezi m'chipinda choyesera zinthu, ndipo nkhaniyi ikufufuzidwabe.

Maganizo anga ndi akuti moto wa mtundu umenewu ulipo koma ngosowa. Mwa nkhani khumi za pa Kamwendo, sindingaupatse ngakhale ziwiri. Ukakhalapo umakhala waung'ono, wobiriwira, wapafupi ndi madzi, ndipo suthamangitsa munthu.

Nanga mpira wa moto umene umabwera ndi mvula, ena amati umalowa m'nyumba?

Apa ndiye pali chinthu chenicheni chimene ngakhale asayansi chinawazunguza mutu. Anthu zikwizikwi m'maiko osiyanasiyana anenapo zofanana: mphezi ikang'amba, pamatsala chimpira chowala, nthawi zambiri kukula kwake ngati lalanje kapena mpira wamiyendo, chimayandama masekondi ochepa, kenako chimazima kapena kuphulika n'kusiya fungo. Mu 1753 katswiri wina, Georg Richmann, anafa ku St Petersburg akuyesa magetsi a mphezi m'nyumba mwake, ndipo amene anali naye anati mpira wowala unachoka pa chitsulo n'kumugunda pamphumi.

Kwa nthawi yaitali umboni unali wapakamwa pokha. Koma mu Julayi 2012 akatswiri a pa Northwest Normal University ya ku Lanzhou, ku China, anali atatchera makamera awo pa mapiri a Qinghai kuti ajambule mphezi wamba. Mphezi inagunda pansi pa mtunda wa mamita 900 kuchokera pamene anali, ndipo pomwepo panadzuka chimpira chowala chimene chinayenda chopingasa n'kuzima pasanathe masekondi awiri. Atasanthula kuwalako anapezamo silicon, chitsulo ndi calcium, zomwe ndi zinthu zopezeka m'dothi. Izi zinagwirizana ndi zimene John Abrahamson ndi James Dinniss a ku New Zealand ananena mu 2000, kuti mphezi ikamenya nthaka imasandutsa dothi kukhala nthunzi, ndipo nthunziyo imayaka pang'onopang'ono mumphepo. Tinganene kuti ndi dothi lathu lomweli likuyaka.

Ndikudziwa kuti ambiri pano amakhulupirira kuti mphezi imatumizidwa. Chikhulupiriro chimenechi chapha anthu. Mu Januwale 2016 ku Neno, mtsikana wina atafa ndi mphezi, anthu anapha nkhalamba zinayi poziganizira kuti ndizo zinaitumiza. Mphezi ndi magetsi amene amaunjikana m'mitambo, ndipo imafuna njira yachidule yofikira pansi: mtengo wautali woima wokha, chulu, munthu woimirira pakati pa munda ndi khasu paphewa. Siidziwa dzina la munthu. Mukaona kung'anima, werengani masekondi mpaka mumve kugunda. Masekondi atatu aliwonse ndi kilomita imodzi. Kukagunda musanafike pa 30, chokani m'munda, chokani m'dambo, musabisale pansi pa mtengo wa mango, lowani m'nyumba. Ana oweta ng'ombe ndi mbuzi auzidwe zimenezi mvula isanayambe.

Zina zimadutsa kumwamba kwenikweni. Si ndege za afiti zimenezo?

Chimene timati nyenyezi yathothoka si nyenyezi. Kawirikawiri ndi kamwala kochepa ngati mchenga kapena njere ya mtedza, kamene kalowa mumpweya wozungulira dziko pa liwiro la makilomita oposa 11 pa sekondi imodzi, n'kupsa kali pa mtunda wa makilomita 80 mpaka 100 kumwamba. Mwala ukakhala waukulu umawala ngati masana, umasweka zidutswa, ndipo nthawi zina umafika pansi. Pa 22 Januwale 1981 mwala wotere wolemera makilogalamu 93 unagwa ku Machinga. Wina unagwa ku Dowa mu 1976, winanso ku Zomba mu 1899. Nyengo zina timiyalati timachuluka, ndipo masiku ake amadziwika chaka chisanayambe. Dzukani mbandakucha pa 5 kapena 6 Meyi, pamene mitambo yatha, muyang'ane kum'mawa. Mudzaona zingapo pa ola limodzi. Ndi fumbi limene nyenyezi ya mchira yotchedwa Halley inasiya m'njira yake. Zina zimabwera pa 13 ndi 14 Disembala, ngati mitambo ya mvula italola.

Pali zatsopano zimene makolo athu sanazione. Kuyambira 2019 kampani ya SpaceX yakhala ikuponya kumwamba masetilaiti a Starlink ambirimbiri nthawi imodzi, ndipo masiku oyamba amayenda mondondozana ngati mikanda pa ulusi. Amene anaona mzere umenewu koyamba osauzidwa anachita mantha, ndipo m'pomveka. Chinanso chowala kwambiri, choyenda mwakachetechete osaphethira, n'kudutsa thambo m'mphindi zochepa dzuwa litangolowa, ndi International Space Station, nyumba imene muli anthu, yozungulira dziko pa mtunda wa makilomita pafupifupi 400 kumwamba, ulendo umodzi mphindi 90. Nayonso Nthanda ikakhala pafupi ndi mapiri a Mchinji imasintha mitundu, ndipo ukamayenda imaoneka ngati ikukutsata.

Mwana wanga anaona pa foni nyanja ikuwala usiku, muli mipira yobiriwira. N'zopeka?

Zina mwa zithunzi zimenezo n'zojambula pa kompyuta, za m'masewero ndi m'mafilimu, za nyanja zomwe kulibe. Koma ojambulawo anatengera pa chinthu chenicheni. M'nyanja zamchere muli tizamoyo ta selo imodzi, monga kotchedwa Noctiluca, timene timathwanima mobiriwira madzi akagwedezeka. Nkhafi ikamenya madzi, kapena funde likasweka pa mchenga, pamaoneka ngati pamwazika moto. Pansi penipeni pamene dzuwa silifika, kuwala ndiye chilankhulo: kafukufuku wa mu 2017 ku gombe la California anapeza kuti zamoyo zitatu mwa zinayi zilizonse zimene makamera anajambula m'madzimo zimatha kuwala. Zina n'zobulungira, zoterera ngati thelere, ndipo zimayandama zikuwala ngati mipira ija. Kuchokera mwa chimodzi cha izo Osamu Shimomura wa ku Japan anapeza puloteni yowala imene lero madokotala ofufuza amaigwiritsa ntchito poona m'mene matenda akuyendera m'maselo, ndipo analandira mphoto ya Nobel mu 2008.

Chodabwitsa koposa ndi nyanja yoyera ngati mkaka. Mu Januwale 1995 sitima ya katundu yotchedwa Lima inayenda maola asanu ndi limodzi m'madzi owala mbee kufupi ndi Somalia. Patapita zaka khumi akatswiri anafufuza zithunzi zakale za setilaiti za usiku umenewo ndipo anapeza chigamba chowala cha masikweya kilomita 15,400, kuposa boma lonse la Mchinji kanayi. China chimene chinaoneka mu 2019 kumwera kwa chilumba cha Java chinaposa masikweya kilomita 100,000, pafupifupi dziko lonse la Malawi. Ochititsa ake akuganiziridwa kuti ndi mabakiteriya owala, ochuluka osawerengeka. Amalinyero anakhala akusimba zimenezi kwa zaka mazana ambiri anthu akuwayesa abodza. Ndi chifukwa china chimene ndanenera kuti woona chachilendo asasekedwe.

Nyanja yathu ya Malawi ndi yamadzi opanda mchere, ndipo tizamoyo towalati simukhala m'menemo. Nyali zimene mumaona mutaima ku Senga Bay usiku wopanda mwezi ndi za asodzi a usipa. Siginala amakhala m'bwato ndi nyali zake kukopa nsomba, anzake n'kuzungulira ndi chilimira. Mlendo wochokera kumtunda kuno akaziona koyamba amayesa mudzi woyandama.

Ku mtsinje wa Mekong, pa malire a Thailand ndi Laos, anthu zikwi zambiri amasonkhana m'mwezi wa Okutobala kuonerera mipira yofiira imene amati imatuluka m'madzi, yolavulidwa ndi chinjoka chotchedwa Naga. Mu 2002 wailesi ina ya kanema ya ku Thailand inaonetsa asilikali a tsidya la Laos akuwombera m'mwamba zipolopolo zowala, uku khamu la tsidya lino likukuwa ndi chimwemwe. Anthu anakwiya kwambiri ndi wailesiyo. Munthu sakondwa ukamulanda chodabwitsa chake, ndipo inenso sindilemba izi kuti ndilande wina kanthu.

Ndiye mukutanthauza kuti ufiti kulibe?

Funso limeneli limabwera nthawi zonse, ndipo ndiliyankha mosabisa. Ine sindinaonepo kuwala kumene, nditakufufuza modekha, kunafuna mfiti kuti kumveke. Zimene mumakhulupirira mumtima mwanu ndi zanu, ndipo sindingazichotse ndi nkhani imodzi. Koma pali mpata waukulu pakati pa kunena kuti "ndaona moto kudambo" ndi kunena kuti "moto uja ndi wa agogo auje". Mawu oyambawo ndi umboni. Achiwiriwo ndi mlandu wopanda mboni, ndipo taonani amene amagwa nawo: nkhalamba, amasiye, wosabereka, wodwala matenda oiwalaiwala amene wasochera usiku n'kupezeka m'mawa ali pakhomo pa eni, wosauka wopanda ana aamuna omuteteza. Sindinamvepo moto wa kudambo ukupatsidwa dzina la mwini sitolo wamkulu pa Kamwendo. Nthawi zambiri pansi pa nkhaniyo pamakhala munda kapena dimba limene wina akulifuna.

Tinaonanso mu 2017 m'mene mphekesera ya anamapopa inaphetsera anthu ku Mulanje, Phalombe ndi Thyolo. Inayamba ngati nkhani ya pa mjigo.

Lamulo lilipo. Witchcraft Act, yomwe inakhazikitsidwa mu 1911, imati kutchula munthu kuti ndi mfiti ndi mlandu, ndipo kuitana sing'anga kuti adzaloze mfiti m'mudzi ndi mlandunso. Wochita zimenezi angathe kukalowa m'ndende. Mafumu athu, anyakwawa ndi magulupu, akuyenera kudziwa kuti bwalo lawo lilibe mphamvu yoweruza munthu pa ufiti kapena kumusamutsa m'mudzi pa chifukwa chimenecho.

Tsono ndikauona usiku uno ndichite chiyani?

Choyamba imani. Musauthamangire, chifukwa dambo usiku lili ndi zitsime zosatseka, matope omira ndi njoka, ndipo kumayendanso anthu amene safuna kuonedwa. Musathawenso mwaliwiro, poti ambiri ovulala pa nkhani zotere amavulala pothawa. Akulu anati kuona maso a nkhono n'kudekha. Tsamirani mtengo kapena mzati, muuyang'ane motowo moyerekeza ndi nthambi imodzi, muone ngati ukusunthadi. Yendani mapazi makumi awiri cham'mbali: chapafupi chimasintha malo, chakutali chimakhala pomwepo. Onani nthawi pa foni, onani mtundu wake, mvetserani ngati patapita kanthawi simumva kulira kwa injini. Jambulani ngati mungathe. Lembani mzere pansi ndi ndodo kuloza kumene kuli kuwalako, ndipo kukacha mubwere ndi mnzanu muone chimene chili mbali imeneyo: msewu, uvuni, chitsa chopsa, chulu cha ngumbi, mawaya a magetsi okhudzana ndi nthambi. Mukapeza waya wothetheka kapena wogwa, musayandikire, ndipo dziwitsani oyang'anira magetsi. Mukalephera kupeza yankho, kafunseni aphunzitsi a sayansi a pa sekondale yapafupi, mwina ana a sukulu adzaphunzirapo kanthu.

Mukamafotokozera anzanu m'mawa, nenani zimene munaona, kukula kwake, mtundu wake ndi nthawi yake, koma musatchule dzina la munthu. Mukamva wina akulitchula, muletseni pomwepo asanafike pa mjigo. Ndipo ngati m'mudzi mwanu muli agogo amene anthu analeka kukapala moto kwawo, pitaniko lero mukawalonjere.